Analengeza Moto Usanayake

Fainala ankasankha nyemba kuseri kwa nyumba, kuchotsa timiyala kamodzikamodzi. Linali Lamlungu m'mawa. Matenanti onse a pa esiteti ina kufupi ndi Chamama anali ku tchalitchi. Iye anatsala chifukwa mwana ankatentha thupi.

Galimoto yoyera inaima pafupi ndi chigafa cha fodya. Munatsika a Raymond Mphepo ndi Chancy, wojambula wawo.

Ku Kasungu kunalibe wosawadziwa a Mphepo. Anakulira ku Njombwa, anayamba ndi kulemba nkhani za mpira, mpaka anakhala mkonzi wa nyuzipepala ina ku Lilongwe. Lachisanu lililonse ankaoneka pa kanema atavala tayi, akulankhulira anthu osauka. Koma chaka chimenecho owonera anali atatopa nawo, ndipo eni kanema ankafuna kuthetsa pulogalamu yawo. Dzulo lake anali atajambula Moffat, mwamuna wa Fainala, akudandaula za mavutidwe a pa esiteti.

Chancy anaimika kamera. A Mphepo anawongola tayi n'kufulatira chigafa.

"Owonera, kumbuyo kwangaku thukuta la chaka chonse likupsa."

Fainala anasuzumira. Kunalibe ngakhale utsi. Fodya anali lende, akuuma bwinobwino.

"Mwathamanga, bwana. Bwerezani, muikemo chisoni," anatero Chancy.

A Mphepo anabwereza. Atakhutira, anatulutsa chigubu cha petulo m'galimoto, n'kuwaza pa udzu wa denga. Anakhwatchitsa machesi ndi dzanja lawo.

Fodya wouma sachedwa. Anthu anathamanga kuchokera ku tchalitchi ndi zovala zawo za mapemphero. Moffat analowa m'moto kuti apulumutseko masamba, anatuluka manja ali matuza okhaokha. A Mphepo anali pomwepo, agwira kumutu pamaso pa kamera.

Lolemba nyuzipepala yawo inalemba pa tsamba loyamba kuti tenanti wotopa ndi nkhanza watentha chigafa. Masana omwewo apolisi anamutenga Moffat, poti ndiye anadandaula pa kamera.

Fainala sanauze munthu zimene anaona. Anali mlendo wa ku Phalombe, wosazolowera kuyankhula pagulu. Akanamumvera ndani, potsutsana ndi munthu wa pa kanema?

Lachisanu, Sajeni Tawonga Nyirenda anaonera pulogalamuyo ndipo china chake sichinamukomere. Moto unkaoneka kuyambira lawi loyamba, kamera osagwedera n'pang'ono pomwe. Loweruka anafika pa esiteti.

"Mama, akuti inu simunapite ku tchalitchi. Munaona chiyani?"



"Analengeza moto usanayake," anatero Fainala motsitsa mawu.

"Ndani?"

"A pa kanema aja. Anachita kubwereza."

Sajeni anamupeza Chancy pa malo ogona alendo ku Kasungu Boma. Ojambula sataya zimene ajambula, amati mwina zidzafunika posanja pulogalamu. Zonse zinali mu kamera yake: a Mphepo akulira moto, kumbuyo kwawo chigafa chili chilili.

"Ine ndimangogwira kamera, bwana. Machesi anali awo," anatero Chancy.

"Ali kuti?"

"Atsogola ku esiteti. Akufuna mkazi wa Moffat alire pa pulogalamu ya sabata yamawa."

Apolisi anawapeza atakhala pa mpando pakhomo pa Fainala, akumuphunzitsa pogwira chitenje popukuta misozi.

"Bambo Mphepo, mwamangidwa pa mlandu wotentha chigafa."

"Mukundidziwa ine? Mawa dzina lanu likhala pa tsamba loyamba."

"Mukalembere m'chitokosi. Manja kuno."

Unyolo utatsekeka, Sajeni anauza Fainala kuti Moffat atuluka tsiku lomwelo. A Mphepo anatembenukira kwa mayiyo, mawu awo afewa ngati a pa kanema.

"Mayi, auzeni anthuwa. Popanda moto uja dziko likanamva mavuto anu? Ndimakulankhulirani inuyo."

Matenanti anali atazungulira. Fainala anaimirira, mwana ali kumsana, ndipo koyamba anawayang'ana m'maso a Mphepo.

"Anakutumani ndani? Mwamuna wanga wagona pa simenti sabata yonse, manja osatha kugwira ngakhale kapu. Inu muli pa kanema, tayi pakhosi. Mavuto tinali nawo okwanira, bambo, sitinakupempheni owonjezera. Misozi mumafunayo ndilibe. Kalireni nokha kukhoti, ife tidzabwera kudzaonera."