Mawu Atatu a Bambo Ollery

Ine ndine munthu wa makutu. Nkhope ndimaiwala msanga, koma mawu a munthu ndikawamva kamodzi ndimawazindikira ngakhale pakati pa msika. Ndiye anthu akamandiuza kuti ndinalota, ndimangowayang'ana. Zimenezi ndinazimva ndi makutu omwewa, m'nyengo yachisanu ya 1930, pa situdiyo ya kanema kunja kwa London kumene ndinkagwira ntchito yojambula mawu.

Chakudza sichiimba ng'oma. Situdiyo yathu anaimanga m'mbali mwa njanji mafilimu akadali osalankhula, phokoso lisanakhale mlandu. Kanema atayamba kulankhula, tinazindikira kuti maikolofoni ndi yadyera, imameza chilichonse, ngakhale kulira kwa m'mimba mwa munthu. Choncho tinkayamba ntchito sitima yomaliza ikadutsa, n'kuweruka m'bandakucha. Ine ankanditsekera m'kachipinda kamatabwa kokhala ndi kawindo kochepa ngati mbale, mahedifoni ali m'makutu. Kamera inkajambula zithunzi paokha. Makina anga ankajambula mawu pa filimu yawoyawo, ndipo ziwirizi tinkazilumikiza pambuyo pake.

Mwa ochita masewero onse, amene ndinkacheza nawo kwambiri anali Bambo Cuthbert Ollery. Anali atasewera mafilimu opitirira mazana awiri, koma dzina lawo silinalembedwepo pamwamba. Anakhalapo wansembe, chidakwa, woweruza, mmalinyero wa diso limodzi, koma kawirikawiri anali wantchito wa m'nyumba ya anthu olemera, uja amangotsegula chitseko n'kuwerama. Ankanyadira kuti m'mafilimumo anafa kokwana makumi anayi ndi kamodzi.

"Pamsewu anthu amandiimika," ankatero, "n'kumati, 'Inu achikulire, si paja mumagulitsa nsomba ku Brentford?' Ine ndimavomera, Dudley. Ndi udindo wabwino kuposa ambiri amene ndasewera."

Ndinawafunsapo kuti m'mafilimu akale aja, pamene milomo yawo inkagwedera popanda mawu, ankanena chiyani kwenikweni.

"Mayina a nkhuku zanga," anayankha. "Woyang'anira sewero akanditopetsa, ndinkatchulanso amayi ake."

Akazi awo, Mayi Hester, anali osaona. Malungo aakulu anawatseka maso amuna awo asanayambe za kanema. Zaka makumi awiri ankapita nawo kunyumba yoonetsera mafilimu, n'kukhala mumdimamo atapinda manja.

"A Cuthbert amati amagwira ntchito," anandiuza tsiku lina akuthira tiyi, chala chili m'mphepete mwa kapu, "koma ine ndimangomva limba limene amaimba filimu ikamaonetsedwa. Mwina amakagona m'paki, ndingadziwe bwanji?"

Tinaseka tonse, koma Bambo Ollery anaseka mochedwa. Nkhaniyi inkawapweteka.

Chaka chimenecho anawapatsa malo mu filimu yathu yachiwiri yolankhula. Anali wantchito yemwe uja, chitseko chomwe chija. Koma tsopano panali mawu. Mayi wa nyumba amaliza belu, wantchito amalowa n'kunena kuti, "Munandiitana, mayi? Ndabwera." Basi. Mawu atatu. Bambo Ollery ankayenda nawo m'thumba la jekete, papepala lopindapinda, ngati angawaiwale.

"Hester adzandimva," ankauza aliyense, ngakhale wosesa. "Adzadziwa kuti sindimagona m'paki."

Lolemba tinayesa kujambula. Chifuwa chinawagwira. Akangotsegula pakamwa, chitsokomolo chinkatsogola. Bwana Straker, woyang'anira filimuyo, anaponya chipewa pansi.

"Ollery, ndikufuna mawu, osati galu wokalamba! Lachinayi ndijambula zimenezi, mukhalepo kapena musakhalepo."

Lachiwiri sanabwere. Tinamva kuti ndi chibayo. Lachinayi usiku jekete lawo la mu sewero analiveka munthu wina wotalika ngati iwo, dzina lake Gedge, n'kumujambula chakumbuyo kuti nkhope isaoneke. Gedge anali ndi mawu ambuzi. Ndinawajambula chifukwa inali ntchito yanga, koma mtima unandiwawa.

Itakwana 2 koloko, onse anapita kukamwa tiyi tsidya lina la bwalo. Anazimitsa magetsi akuluakulu, n'kusiya nyali imodzi. Ine ndinatsala m'kachipinda kanga chifukwa makina ankalira kanthu kena ngati udzudzu, ndipo ndinkafuna kudziwa kumene kakuchokera. Chidwi ndi matenda anga kuyambira ubwana.

Kulirako kunangosiya kokha. M'mahedifoni munangoti zii.

Kenako ndinamva mapazi.

Ankabwera pang'onopang'ono kuchokera kuseri kwa khoma la mapepala limene linkaimira nyumba ya olemera ija. Ochita sewero onse tinkawaveka masokosi pamwamba pa nsapato kuti asamagogode pansi, ndipo mapazi awa anali ovekedwa bwino. Anali a munthu wodziwa malamulo athu. Phazi, phazi, kenako kabondo n'kulira kuti tho. Phazi, phazi, tho.

Bondo limenelo ndinkalidziwa. Linali litandiwonongera mafilimu angapo.

"Dudley," anatero mawu, pafupi kwambiri ndi maikolofoni. "Uli m'bokosi lako lija, mwana wanga?"

Kunena zoona sindinachite mantha. Ndinakondwa. Ndinakanikiza kabatani kolankhulira kunja.

"Bambo Ollery! Mwadzuka? Mwabwera bwanji chifunga chonsechi, sitima kulibe?"

"Usandifunse zambiri, ndilibe nthawi. Hester akundiitana. Makina ako ali ndi filimu?"

"Ali nayo, koma kamera atseka. Bwana Straker ali ku tiyi."

"Kamera yandiona kokwanira. Yatsa zakozo."

Ndinasuzumira pakawindo. Nyali inali kutali, galasi linali ndi nthunzi. Ndinangoona chitseko cha sewero chili chotseguka theka, ndi mdima wooneka ngati msana wa munthu wowerama pang'ono. Ndinapukuta galasi ndi mkono wa malaya. Sizinathandize. Ndinayatsa makina.

"Munandiitana, mayi? Ndabwera."

Mawu oyera, odekha, opanda chitsokomolo. Sindinamvepo Bambo Ollery akulankhula bwino chotero.

"Yatheka!" ndinakuwa.

"Ayi, ndathamanga. Tibwereze."

Tinabwereza. Kachiwiri anati mawu omaliza anawatsitsa kwambiri. Tinajambulanso kachitatu.

"Imeneyo ndiye," anatero. "Uisunge bwino."

Ndinazimitsa makina, ndinavula mahedifoni, ndinatsegula chitseko changa kuti ndikawagwire chanza. Zonsezi sizinatenge nthawi yoti munthu n'kuyatsa ndudu. Panalibe munthu. Chitseko cha sewero chinali chotsekedwa bwinobwino, monga mmene iwo ankachitsekera nthawi zonse. Jekete la wantchito linali pampando pamene Gedge analisiya. Ndinalikhudza. Linali lozizira.

Ndinathamangira kugeti. Mlonda wathu, Noakes, anali akuwotha moto wa makala, galu wake atagona pamapazi pake.

"Bambo Ollery atulukira pano?"

"Ollery uti? Uja ali gone kunyumba?" Anandiunika ndi nyali kumaso. "Iwe Dudley, bokosi lija layamba kukuphika ubongo. Pano sipanadutse ngakhale mphaka. Funsa galuyu."

Sindinauze wina aliyense. M'mawa filimu ya mawu itatsukidwa, ndinadzitsekera ndekha n'kuimvetsera. Ndinkayembekezera kupeza mphepo yokha. Mawu analimo, katatu konse. Ndinabwereza mwina kakhumi, ndipo ndi pamene ndinazindikira chimene chinkandisowetsa mtendere. Munthu aliyense asanalankhule amakoka mpweya. Ndi kaphokoso kakang'ono, anthu ena sakamva, koma ife ojambula mawu timakadziwa ngati dzina lathu. Pa filimu imeneyi kanalibe. Mawu ankangoyamba okha, kuchokera mu zii. Apa ndiye thupi linachita tsemwe.

Masana uthenga unafika. Bambo Ollery anamwalira usiku womwewo, kunyumba kwawo, mtunda wa mamailosi khumi ndi limodzi kuchokera pa situdiyo.

Mwambo wa maliro utatha, ndinakhala pafupi ndi Mayi Hester. Chidwi changa chija sichinandilole kukhala chete.

"Mayi, pepani kufunsa zotere lero. Usiku uja bambo anatulukako m'nyumba?"

"Atuluke ndi miyendo iti, mwanawe? Ndinali pambali pawo usiku wonse. Wotchi itangomenya kawiri, kupuma kwawo kunasintha. Ndinayamba kuwaitana, Cuthbert, Cuthbert. Sanayankhe. Ndinaika zala pamilomo pawo kuti ndimve ngati mpweya ukutuluka." Anatambasula dzanja, ngati milomoyo ikadali pomwepo. "Milomo inkayenda. Ankanena kanthu, n'kusiya, n'kubwerezanso. Katatu. Koma mawu osatuluka. Moyo wonse munthu uja wakhala akundigwedezera milomo, ndipo ngakhale potsanzika sindinamve kanthu. Chimenecho ndiye chikundidya, Dudley."

Ndinafuna kuwauza pomwepo. Koma ukanena zotere pamaliro, amakuperekeza kunja mwaulemu.

Sabata yotsatira, polumikiza mawu ndi zithunzi, ndinadula mawu a Gedge n'kuwaponya m'chitini cha zinyalala. M'malo mwake ndinamata achitatu aja. Akanandigwira, ntchito ikanatha tsiku lomwelo, ndipo situdiyo ina sikanandilandira. Bwana Straker ataonera, anatembenuka n'kundiyang'ana nthawi yayitali.

"Gedge uja ali ndi mawu abwino kuposa mmene ndinkaganizira," anatero pomaliza. Sanafunse zambiri, ndipo mpaka lero sindidziwa ngati anazindikira.

Filimuyo itatuluka, ndinakatenga Mayi Hester Loweruka masana. Poyamba anakana.

"Ndikatani kumeneko? Limba lija analichotsa."

"Tiyeni basi, mayi. Mungondiperekeza."

Tinakhala chapakati. Filimuyo inali yachabechabe, nkhani ya mkanda wobedwa, ndipo anthu ankatafuna mtedza n'kumacheza. Mayi Hester anakhala monga ankakhalira kale, manja atapinda. Kenako belu linalira. Chitseko chinatseguka, msana wa Gedge unalowa.

"Munandiitana, mayi? Ndabwera."

Palibe amene anasamala. Ndani amamvetsera wantchito? Koma dzanja la Mayi Hester linanyamuka lokha. Zala zinali m'mwamba mumdimamo, zikugwedera pang'ono, ngati zikuwerenga milomo ya munthu.

"Ndi zimenezo," ananong'ona. "Ndi zimene ankanena."

Kenako analankhula mokweza, moti a kutsogolo anacheuka.

"Eee, Cuthbert. Ndinakuitanani."

Wina kumbuyo anati shii. Ine ndinalira, sindibisa.

Ku situdiyo nkhani inayenda m'manong'onong'o. Ena ankati ndinawajambula mobisa Lolemba lija, ngakhale onse anamva mmene ankatsokomolera. Noakes ankauza anthu kumowa kuti munthu amene wafa kokwana makumi anayi ndi kamodzi amadziwa njira zachidule. Ine yankho ndilibe, ngakhale ndalifunafuna zaka zonsezi.

Filimuyo inaonetsedwa m'tauni mwawo masiku asanu ndi limodzi. Mayi Hester anapita tsiku lililonse, okha, ndi ndodo yawo. Wogulitsa matikiti anandiuza kuti ankakhala mpando womwe uja, n'kudikira belu. Wantchito akangolankhula, ankamuyankha, n'kuvala chipewa, n'kutuluka filimu isanafike pakati.