Ananditenga Osandiuza Njira

Shapa yomaliza, kaminibasi kopita ku Cateme, inanyamuka ku Moatize Firmino adakali m'nyumba ya mayi wina, akudikira kuti mzimu umugwere mayiyo. Anadikira kuyambira masana. Ng'oma zinalira mpaka manja a oimba kutupa, mayiyo ananjenjemera pang'ono, kenaka anayetsemula n'kupempha madzi. Basi. Firmino anazimitsa galavadori, kamakina kake kojambulira mawu, n'kutuluka mdima utagwa kale.

Zaka makumi atatu akuchita zimenezi. Anayambira kumsasa wa othawa nkhondo ku Malawi, kulemba maloto a anthu. Atabwerera kwawo sanaleke: ogwidwa mizimu, oyenda ali m'tulo, olota maliro asanachitike, onse anawalemba. Mabuku ake anadzaza makatoni awiri kwa mwana wake Anabela ku Zóbuè. Koma iye mwini, ndi maso akewa, sanaonepo kanthu ngakhale kamodzi. Zonse zinali zongomva.

"Papa, mawondo atha awo," Anabela anali atamuuza asananyamuke. "Mizimu ikakufunani ikupezani pakhonde pano."

Iye anavomera kuti ulendo uno ndi womaliza.

Dalaivala wa lole yopita kumalire anamutenga, n'kukamutsitsa pamphambano yolowera ku Cateme, kumene ankagona masiku amenewo kwa Dona Laurentina, mayi wamasiye, mmodzi wa anthu amene anasamutsidwa ku Chipanga chifukwa cha mgodi wa malasha.

"Madala, muyenda nokha usiku uno?"

"Mwana wanga, ndazisaka zaka makumi atatu. Zimandithawa."

Lole inapita. Fumbi la malasha linatsala m'mano. Firmino anayamba kuyenda, chikwama paphewa, mawondo akulira.

Pafupi ndi njanji panaima munthu. Nkhope sinkaoneka, koma paphewa anasenza chikombole choumbira njerwa.

"Achimwene," anatero munthuyo ndi mawu otopa kuposa a Firmino, "ku Cateme n'kuti?"

"N'kumene ndikupita. Tiyeni."

"Tsogolani. Ananditenga osandiuza njira. Muzinditchulira malo tikamadutsa."

Firmino anali wotopa kwambiri moti sanadabwe. Oledzera amanena zambiri. Anatsogola.

"Pano ndi panjanji, tikuoloka," anatero.

Kumbuyo kwake mapazi: phazi limodzi tswa, linalo kukwakwaza pansi. Tswa... khwee. Tswa... khwee.

"Pano ndi pamlambe, tikukhotera kumanja."

Tswa... khwee.

"Pano ndi pamlatho..."

Apa m'pamene anazindikira. Panjanji. Pamlambe. Pamlatho. Mawu amenewa anawalembapo ndi dzanja lake, osati kamodzi! Akulu anamufotokozera ku Angónia, ku Zóbuè, ngakhale kumsasa: wakufa akasamutsidwa, mafupa okha sakwanira. Pamafunika munthu wotsogola wapansi, kumutchulira njira malo ndi malo mpaka pamanda atsopano. Ndipo wotsogolayo asacheuke. Asafunse kanthu. Akangocheuka, womutsatirayo amabwerera kumene anachokera, n'kuyambanso kusochera.

Achule pansi pa mlatho anali zii.

Tswa... khwee.

Galavadori inali m'thumba la malaya, pamtima penipeni. Tochi inali m'chikwama. Kungotembenuka. Kuwalitsa kamodzi. Funso limodzi lokha: dzina lanu ndani? Zaka makumi atatu... makatoni awiri... onse amene ankamuseka m'mashapa! Zonsezo zinali kumbuyo kwake, mapazi atatu okha.

Dzanja linakwera lokha kuthumba. Chala chinakhudza batani.

"Kwatsala patali, achimwene?" Mawu anamveka pakhosi pake penipeni, opanda mpweya. "Ndatopa ine..."

Firmino anaimirira. Kutopa koteroko ankakudziwa. Anatsitsa dzanja.

"Pang'ono," anatero, maso ali kutsogolo. "Pano ndi pamjigo. Tikupita kumanzere."

Anadutsa nyumba zofanana za anthu osamutsidwa aja, zonse zitatsekedwa. Galu mmodzi anatuluka, anayang'ana kumbuyo kwa Firmino, n'kubwerera chamchira. Khosi linkamuwawa chifukwa chouma. Sanacheuke.

Manda a ku Cateme ali kuseri kwa mudzi, mitumbira yondandana mizeremizere ngati nyumba za eni ake.

"Pano ndi pamanda. Mwafika."

Tswa... khwee. Tswa...

Chinthu cholemera chinatulidwa pansi. Di!

Kenaka achule anayambiranso.

Firmino anafika kwa Dona Laurentina osayang'ana m'mbuyo, n'kukhala pakhonde mpaka kunacha. Mayiyo atatuluka ndi tsache anamupeza ali njo.

"Dotolo wa mizimu, lero mwagona ngati nkhuku? Yakukanani kodi?"

Anawafotokozera zonse. Atatchula za phazi lokwakwaza, tsache linagwa.

"Phazi liti?"

"Lamanzere, mmene ndinkamvera."

Mayiyo sanavale n'komwe nsapato. Firmino anawatsatira kumanda. Pamtumbira wachinayi mumzere woyamba panali chikombole chakale, dothi lofiira la ku Chipanga litaumira m'makona. Pachogwirira panali potemedwa kawiri ndi mpeni.

Dona Laurentina anakhala pansi pomwepo.

"Amós," anatero. "Mwamuna wanga. Uvuni wa njerwa unamugwera phazi tili achinyamata. Tsiku losamutsa manda tinakwera lole pamodzi ndi mabokosi, ana akulira, mbuzi zikulira. Palibe anakumbuka zotsogola wapansi. Ine ndinakumbukira tili kale kuno." Anasisita chikombolecho. "Nkhope munaiona? Wakalamba?"

"Sindinacheuke, mayi."

"Nanga kamakina kanuko?"

Firmino anapukusa mutu.

Mayiyo anaomba m'manja mwaulemu, kawiri, pang'onopang'ono.

"Chikombole ichi tinamuika nacho m'bokosi," anatero. "Ku Chipanga. Chaka chino akwanitsa zaka khumi ndi ziwiri ali pansi."

Masana a tsikulo Firmino anakwera shapa ya ku Zóbuè. Buku lake linali pamiyendo, tsamba lomaliza lili loyera. Asanafike n'komwe pamphambano anali atagona tulo.