Eneless ndi Mzere Waulesi

Eneless anali ndi zaka zisanu ndi zitatu. Ankakhala ku Engutwini ndi Amama ake. Adada ake ankagwira ntchito ku Joni. Ku Joni ndi kutali kwambiri. Eneless ankawasowa Adada tsiku lililonse.

Pa Khirisimasi Adada anabwera ndi mphatso. Inali gemu ya m'manja. Inali ndi galasi pakati. Inali ndi mabatani uku ndi uku. M'gemumo munali mpikisano wa njinga.

Adada nawonso anali ndi gemu yawo. Njinga ya Adada inali yofiira. Njinga ya Eneless inali yachikasu. Magemu awiriwa akapeza netiweki, njingazo zinkakumana pamsewu umodzi. Adada ali ku Joni, Eneless ali ku Engutwini, koma msewu umodzi.

Adada ankapuma Loweruka limodzi lokha pa mwezi. Tsiku limenelo ankapikisana 3 koloko masana. Nthawi zonse wopambana ankakhala Adada. Eneless sankadandaula kwambiri. Iye ankangofuna kuona njinga yofiira ija.

Koma netiweki ya kwawo inali yamanyazi. M'nyumba sinkalowa. Pakhonde sinkafika. Inkapezeka pamwamba pa chulu, kuseri kwa chigafa cha fodya. Foni ya Amama inkagwira netiweki pamenepo. Ikagwira, inkagawirako gemu.

Inali nthawi ya tchuthi. Lachitatu Eneless anabwereka foni ya Amama. Anakwera pachulu. Anayatsa gemu. Koma njinga sizinabwere. Panabwera mawu achingerezi okhaokha.

Eneless anadina batani ili. Anadina batani ilo. Mawuwo sanachoke. Loweruka linali pafupi.

Amama anakwera pachulu n'kuwaimbira Adada. Adada anati gemuyo sinafe ayi. Inkangofuna apudeti. Anati apudeti ndi zinthu zatsopano zimene gemu imakoka pa netiweki. Ikapanda kukoka, njinga ziwiri zija sizingakumane.

"Udine batani lapakati, mwana wanga," anatero Adada. "Pabwera mzere. Udikire mzerewo udzaze. Tionana Loweruka."

Adada anali pantchito. Anadula foni msanga.

Tsono m'nyumba mwa Amama munali lamulo. Lamulo lake linali lakuti, "Chosagwira ntchito, zimitsa." Wailesi ikangokhala chete pang'ono, zimitsa. Tochi, zimitsa. Foni, zimitsa. Sola yawo inali yaing'ono. Moto wake unali wochepa. Amama akanatha, bwenzi atazimitsanso tambala.

Eneless anali mwana womvera. Lamuloli ankalidziwa bwino.

Lachinayi m'mawa Eneless anakwera pachulu. Anadina batani lapakati. Mzere unabweradi. Pambali pake panali nambala. Inayamba 1. Kenako 2. Kenako 3.

Eneless anadikira. Anadikira. Anadikiranso. Mzerewo unali waulesi. Nyerere za pachulu zinkauposa liwiro.

Pa 20 mzere unaima. Moto wa gemu unayamba kuchepa. Eneless anayang'ana mzere. Anayang'ana moto. Chinthu ichi sichikugwira ntchito, anaganiza choncho. Ndiye anazimitsa.

Anapita nayo kunyumba. Anaitchaja pa sola. Masana anakweranso pachulu. Anayatsa gemu. Anayembekeza kuona 20. Koma anaona 1.

Mzere waulesi uja unali utabwerera poyambira!

Eneless anadikiranso. Ulendo uno mzere unafika pa 30. Moto unachepanso. Eneless anazimitsanso. Patapita kanthawi anayatsa kuti angosuzumira. Anaonanso 1.

Eneless anakhala pansi n'kulira. Analira ndithu, misozi mpaka m'khosi. Loweruka likapita, adzadikira mwezi wina wonse. Ndipo Adada adzakhala okha pamsewu.

Amama anamupukuta nkhope ndi chitenje. Anati mawa akagulitsa tomato ku Mzimba Boma. Anati Eneless apite nawo. Kumsika kuli munthu wodziwa zinthu zoterezi.

Lachisanu anakwera minibasi. Ku Boma kunali anthu ambiri. Akabaza ankaliza mabelu. Eneless anakumbatira gemu m'kachikwama. Tomato anachedwa kutha. Anatha dzuwa litapendeka.

Kenako anapita kwa Anti Nasreen. Anti Nasreen ankagulitsa mafoni ndi machaja mumsika. Ankakonzanso mafoni akufa. Anali ndi magalasi aakulu ndi kasikuludiraiva kakang'ono.

"Monire, Anti," anatero Eneless. "Gemu yanga yadwala. Ndapota, ikonzeni."

Anti Nasreen anaitembenuza uku ndi uku. Anamufunsa Eneless zimene anachita. Eneless anafotokoza zonse. Anafotokoza za chulu. Anafotokoza za mzere. Anafotokoza za lamulo la Amama.

Anti Nasreen anaseka mpaka anavula magalasi.

"Gemu yako ili bwinobwino," anatero. "Kodi nyemba zili pamoto, umazimitsa moto zisanapse?"

"Ayi, Anti."

"Apudetinso ndi choncho. Mzere ukaima, m'kati ntchito ikugwirika. Gemu iyi ukaizimitsa, imayambiranso."

Amama anayang'ana kumbali. Anakonza duku lawo, ngakhale linali bwinobwino.

Anti Nasreen anati apudeti imeneyi ndi yaikulu. Ifuna maola atatu kapena anayi. Panthawi yomweyo kondakitala anayamba kuitana. Inali minibasi yomaliza. Sakanatha kudikira.

Anti Nasreen anaimika zala zitatu. Chala choyamba, netiweki. Chala chachiwiri, moto wokwanira. Chala chachitatu, osazimitsa.

"Yewo chomene, Anti," anatero Eneless.

M'minibasi Eneless anaimika zala zake zitatu. Anaziyang'ana njira yonse. Netiweki inali pachulu. Moto unali kunyumba. Pachulu panalibe moto. Kunyumba kunalibe netiweki. Nanga atani?

Atafika kwawo, anaona sola. Inali itatsamira khoma, monga mwa masiku onse. Batire lake linali pambali. Anaonanso wilibala ya tomato. Eneless anaima chilili. Kenako anamwetulira.

Netiweki singabwere kunyumba. Koma sola ingapite kuchulu.

Loweruka Eneless anadzuka molawirira. Anasesa pabwalo. Anatunga madzi. Anatsuka mbale zonse, ngakhale zoyera kale. Kenako anagwada pafupi ndi Amama. Anapempha sola.

Amama anatulutsa maso. Sola imeneyo sinachokepo pakhomo. Ankaisamala ngati dzira. Anamuyang'ana Eneless. Anayang'ana sola. Anapuma mpweya wautali.

"Mbwenu titenge," anatero Amama. "Koma ikasweka, ine ndilibe mawu."

Anayala thumba m'wilibala. Anaikamo sola. Anaikamo batire ndi chingwe. Eneless anakankha. Amama anagwirira. Wilibala inkalira, kwii, kwii, kwii. Anthu opita kumjigo anaima n'kumaonerera. Ena anafunsa ngati akusamuka.

Pachulu wilibala inakana kukwera. Amama anasenza batire. Eneless ananyamula sola ndi manja awiri. Anakwera pang'onopang'ono. Anafika pamwamba.

Eneless analozetsa sola kudzuwa. Anaitchinjiriza ndi miyala. Analumikiza chingwe ku gemu. Anayatsa foni ya Amama. Inali 11 koloko. Anadina batani lapakati.

Mzere waulesi unabwera. 1. 2. 3.

Amama anakhala pathumba n'kumasenda mtedza. Eneless anakhala pafupi ndi gemu. Manja ake anawakhalira, kuti asakhudze batani.

Pa 20 mzere unaima. Chala cha Eneless chinayabwa. Koma sanazimitse. Anawerenga nyerere. Anawerenga mbalame. Atayang'ananso, anaona 21.

"Amama, ukuyenda!" anatero.

Pa 40 kunabwera mphepo. Inali mphepo ya fumbi. Sola inagwedezeka. Eneless anaigwira msanga. Anawonjezera miyala. Anaipukuta fumbi ndi siketi yake.

Pa 60 kunabwera mbuzi. Inali mbuzi yawo yakuda, yosamva. Inanunkhiza chingwe. Inatsegula kukamwa. Eneless anaiponyera makoko a mtedza kutali. Mbuzi inatsata makoko. Chingwe chinapulumuka.

Dzuwa linayenda. Mthunzi wa mtengo unafika pa sola. Eneless anasuntha sola. Anailozetsanso kudzuwa. Thukuta linali kamukamu, koma sanatsike pachulu.

Mzere unafika pa 70. Unafika pa 80. Unafika pa 90. Nthawi inali itakwana hafu pasiti 2.

Pamenepo foni ya Amama inalira. Tii, tii! Moto wake unali utatsala pang'ono. Amama sanaganize n'komwe. Dzanja lawo linapita lokha. Chala chinali kale pabatani lozimitsira.

"Amama, ndapota, musazimitse!"

Amama anaima.

"Foni ikazima, netiweki ithawa," anatero Eneless. "Netiweki ikathawa, apudeti iima. Adada atipeza tisanamalize."

"Nanga titani? Chingwe n'chimodzi."

Eneless anayang'ana gemu. Inali itamwa moto kuyambira m'mawa. Inali yokhuta. Anayang'ana foni. Inali ndi njala. Anazula chingwe ku gemu. Anachilumikiza ku foni.

Onse awiri anayang'anitsitsa gemu. Gemu sinazime. Foni inasiya kulira. Mzere unapitiriza ulendo wake.

Amama anasiya mtedza. Anasendera pafupi. Mitu yawo inagundana pagalasi.

Pa 99 mzere unaimanso. Unaima nthawi yaitali. Unali mzere waulesi ndithu, komanso wamwano. Eneless ankachita mantha. Anagwira dzanja la Amama. Amama anagwira lake.

Kenako galasi linada bii.

Eneless anafuna kulira. Koma anakumbukira chala chachitatu. Sanakhudze kanthu. Anawerenga chamumtima. Wani. Thuu. Fili.

Galasi linayaka lokha. Kanyimbo kanalira. Msewu unabwera. Unali msewu watsopano, wokhala ndi mlatho ndi phiri. Njinga yachikasu inali poyambira. Pambali pake panali njinga yofiira.

"Adada!" anafuula Eneless. "Adada afika!"

Amama analulutira. Analulutira mpaka mbuzi ija inathawa.

Mpikisano unayamba. Njinga yofiira inatsogola. Njinga yachikasu inatsatira. Anawoloka mlatho. Anafika paphiri. Adada anathamanga kwambiri pokhota, ndipo anaterereka. Eneless sanapupulume. Tsiku lonse anali ataphunzira kudikira. Anakhota bwinobwino. Kenako anapalasa ndi mphamvu zake zonse.

Njinga yachikasu inadutsa. Njinga yofiira inayesa kuipeza. Inayandikira. Inayandikiranso. Koma yachikasu inafika poyamba.

Eneless anapambana! Kanali koyamba.

Analumpha. Anavina pamwamba pa chulu. Anakumbatira Amama. Akanatha, akanakumbatiranso sola.

Foni inalira. Anali Adada. Ankaseka kwambiri. Anafunsa kuti apudeti anamuchitira ndani. Amama anati palibe. Anati mwana wawo wapititsa sola kuchulu ndi wilibala.

"Eneless, wandiposa kawiri lero," anatero Adada. "Ndakunyadira chomene, mwana wanga."

Eneless anasangalala kwambiri. Anaona ngati Adada akhala naye pathumba pomwepo.

Adada anati mwezi wamawa gemu ingafunenso apudeti. Eneless anati palibe vuto. Adzayang'ana Lolemba, osati Lachitatu. Wilibala ilipo. Chulu chilipo. Zala zitatu zilipo.

Mpikisano unali utatha. Gemu inali itangokhala. Eneless anakumbukira lamulo la m'nyumba. Anaika chala pabatani lozimitsira.

Amama anamugwira dzanja.

"Usazimitse," anatero Amama. "Ndipatseko nane."

Amama anagwira gemu mozondoka. Eneless anawatembenuzira. Anawaonetsa batani lopalasira. Njinga yachikasu inanyamuka. Inapita kumanzere. Inapita kumanja. Inagwera m'ngalande.

Eneless anaseka. Amama anaseka. Pafoni Adada anaseka.

Njinga yofiira inali kale patsogolo. Koma inaima. Inatembenuka. Inabwerera mpaka pangalande paja, n'kuwadikira Amama kuti ayendere limodzi.