Kapu Yobooka ya ku Manda a Thambani

Liness ananyamuka pa Thambani mdima utagwa kale, kamera ya kanema ili paphewa. Anachedwa ndi kujambula mayi Piedade, othawa nkhondo a ku Mozambiki, amene ankafotokoza za mizimu ya anthu ofera kuchilendo. Munali mu 1993, anthu atayamba kubwerera kwawo.

"Mawa lole itinyamula," anatero mayiwo pomaliza. "Koma ndiyamba ndakatapa dothi pamanda a amuna anga, mzimu wawo upite nafe. Mtanda chinadya chiswe. Chizindikiro ndi kapu yawo yobooka basi."

Mawuwo anamulasa Liness mumtima. Masana omwewo iye anali kumandako, ndipo anachotsa kapu yobooka pamtumbira wina n'kuiika pa wina pamene dzuwa linkawala bwino. Anthu ojambulawa, chilichonse amachiyesa chokongoletsera chithunzi! Manyazi anamugwira, sanaulule. Anangolumbira chamumtima kuti sagona asanaibwezere.

Njira ya kumene ankagona inkadutsa m'mbali mwa manda omwewo. Anapatuka, tochi ili m'manja. Kapu anaipeza. Koma mitumbira yonse inali yofanana ngati mizere ya mbatata. Anaichotsa pati? Apa? Apo?

Tochi inaphethira... kenako inazima. Kunatsala kamwezi kokha.

"Boa noite, mayi," anamveka mawu a mwamuna, kupereka moni m'Chipwitikizi.

Liness anakweza maso. Patsogolo pake panali bambo wamtali, wovala jekete lalikulu, khutu lakumanzere lodulidwa.

"Mwandisiya ndi ludzu," anatero bamboyo motsitsa. "Mawa atenga mlendo, ine n'kutsala kuno."

Miyendo inkati thawa. Liness anakana. Analakwa yekha, akonza yekha.

"Ndilozereni malo ake, bambo."

"Kumanda sitiloza ndi chala. Nditsateni."

Bamboyo anatsogola. Ankaponda masamba ouma... osamveka. Anadutsa mtumbira woyamba. Wachiwiri. Pa wachisanu anaima.

Liness anagwada, naika kapu ija kumutu, nawomba m'manja katatu kupepesa. Podzutsa nkhope... zii! Palibe munthu.

Kutacha anawadikirira mayi Piedade panjira ya kumanda, nawaululira zonse, misozi ili m'maso.

"Ndiye mwadziwa bwanji pobwezera, mwana inu?" anafunsa mayiwo atakwiya.

"Anandiperekeza bambo wina. Wamtali, wajekete, khutu ili kulibe."

Mayi Piedade anakhala pansi. Anamasula mfundo ya chitenje, natulutsa khadi lakale lolandirira ufa. Pakona pake panali pomatidwa kachithunzi. Jekete lomwelo. Nkhope yomweyo.

"Ndi a Faustino awa, amuna anga. Khutulo anawadula tisanawoloke malire. Tinawaika mu 1987."

Anadzuka, nakagwada pamene panali kapu ija, natapa dothi lodzadza dzanja.

"Nyamukani, bambo," anatero akulimanga pansalu. "Lole ikudikira."