Amene Anagwira Tochi

Tsikulo linali Lachinayi, ndipo linatha ngati masiku ena onse. Dzuwa litangolowa, amakaniko a pagalaji anasamba m'manja, anapachika maovololo pamisomali, n'kuyamba kutsanzikana.

"A Khutu, mugona pompano? Kapena kunyumba anakubisirani bulangeti?" anaseka wowotcherera zitsulo, atakoleka chikwama paphewa.

"Pitani inu. Ndili ndi kantchito ka pachibale," anayankha Khutu, osadzutsa mutu.

Ankamutcha Khutu chifukwa galimoto ikamalowa pageti, iye ankangopendeketsa mutu n'kutchula matenda ake isanaime n'komwe. Zaka makumi awiri akugwira sipanala, palibe amene anamubwezerapo ntchito. Koma madzulo amenewo anadikira mpaka phazi lomaliza litatuluka. Kenako anatseka chitseko chachikulu, n'kukhoma kachitseko kam'mbali ndi loko wam'kati.

Pakona panali galimoto yotuwa, yovindikiridwa ndi lona. Inali ya mlamu wake, mchimwene wa mkazi wake, mphunzitsi wa masamu, munthu wofatsa woti akakuponda amapepesa kawiri.

Pansi pa galimoto zoterezi, pafupi ndi tayala lakumbuyo, pamakhala kachipangizo kakang'ono ngati bokosi la machesi. Amakaniko amati sensa. Kali ndi kamkono kogwira pachitsulo cha tayala. Anthu akakwera kumbuyo, galimoto imatsika matako n'kudzutsa mphuno. Kamkono kaja kamapinda, ndipo sensa imauza magetsi akutsogolo kuti awerame pang'ono, asathobwe m'maso amene akubwera kutsogolo.

Masabata atatu m'mbuyomo, Loweruka masana, mlamu uja anabwera akudandaula kuti pa dashibodi payaka kanyali kachikasu. Khutu analowa pansi n'kupeza kamkono kathyoka. Panafunika sensa yatsopano, yochita kuitanitsa, masiku awiri. Koma mpira unali pafupi kuyamba pa TV, ndipo anzake anali akumuimbira kale foni. Anatola waya pansi, anamanga kamkono pamene dzanja linafika, n'kuzimitsa kanyali kaja ndi kompyuta.

"Zatheka, alamu. Timatenda ta ana iti."

Sanayese magetsi pakhoma. Kunali dzuwa, ndipo mpira sudikira munthu.

Waya uja anali atakokera kamkono kumene kamapita galimoto ikadzaza katundu. Magetsi anawerama mpaka kuyang'ana pansi penipeni. Lolemba madzulo, mlamu akuchokera kumsonkhano wa kusukulu, pakona ya kuseri kwa fakitale ya matabwa, anagunda munthu. Anali mlonda, akupita kuntchito wapansi. Mlamu anamunyamula, anamugoneka pampando wakumbuyo, n'kuthamangira kuchipatala. Munthuyo anatsirizikira m'njira. Jombo yake imodzi inatsala pamsewu.

Apolisi anati malemuyo anavala zakuda ndipo pakonapo palibe nyali. Nkhani inathera pomwepo. Koma mumtima mwa mlamu sinathe. Anasiya kudya. Anakayezetsa maso kawiri, n'kugula magalasi amene dokotala anati sakufunika.

"Ndinamuona atafika kale pamphuno pa galimoto," ankatero. "Maso angawa ndi amene anapha munthu."

Khutu anali pomwepo, atakhala naye pasofa. Anamugwira paphewa n'kunena kuti, "Ngozi sipangana tsiku, alamu. Musadzizunze." Mawuwo anatuluka mosalala ngati oilo watsopano.

Ndiye mkazi wake anamupempha. "Bambo a mwana, konzani galimoto ija achimwene aigulitse. Ikumawadwalitsa ikamaima pakhomo paja."

N'chifukwa chake anadikira kuti anzake achoke. Makaniko aliyense akanaona waya uja akanadziwa nkhani yonse popanda womuuza.

Anavundukula lona. Anakankha galimoto mpaka inayang'ana khoma limene linali ndi mzere wa choko woyesera magetsi. Analiza injini n'kuyatsa magetsi.

Kuwala sikunafike n'komwe pakhoma. Kunagwera pasimenti, mapazi ochepa kuchokera pamphuno pa galimoto.

Khutu anaima akuyang'ana. Anali akudziwa kale, koma kudziwa ndi kuona n'zosiyana.

Manja anayamba okha ntchito. Anatenga tepi n'kuyeza kuchokera pakati pa tayala kufika m'mphepete mwa bodi ya galimoto. Kumanzere ndi kumanja kunali chimodzimodzi. Masipuling'i anali abwino, galimoto inali itaima mowongoka. Analumikiza kompyuta. Kompyuta inati kumbuyo kwadzaza katundu. Anayang'ana pulagi, anatsata nthambo zonse, sanapeze podukapo. Sensa yokha ndi imene inkanama, ndipo amene anaiphunzitsa bodzalo anali iye.

Anazimitsa injini, anaika jeke, anachotsa tayala lakumanzere. Anatenga sensa yatsopano m'kabokosi, n'kugona chagada pathabwa, n'kudzikankhira pansi pa galimoto. Babu la m'galaji silinkafika kumeneko. Analuma tochi ndi mano. Nati yoyamba inali ya dzimbiri. Atakoka mwamphamvu, sipanala inaterereka, chala chinamenya chitsulo, tochi inagwa n'kugubuduzikira kunja.

Pomwepo anamva kugogoda.

Go. Go. Go.

"Tatseka!" anakuwa ali pansi pomwepo. "Mubwere mawa!"

Zii.

Kenako mapazi. Ankabwera pang'onopang'ono pasimenti, koma sankalira mofanana. Lina linkati gu. Lina linkangoti phwa. Gu, phwa. Gu, phwa. Anaima pambali pa galimoto.

"Ndikugwirireni tochi, bambo?"

Mawu ake anali aulemu, otsika, a munthu wozolowera kuyankhula usiku osadzutsa ogona. Khutu anaganiza kuti ndi mlonda watsopano wa pasitolo ya penti yoyandikana nayo.

"Mwandithandiza, achimwene. Walitsani kuseri kwa sipuling'iko."

Tochi inanyamuka. Anthu ambiri akagwira tochi amayamba awalitsa m'maso mwako, kenako kudenga, mpaka uwakalipire. Uyu ayi. Kuwala kunapita molunjika, n'kuima pa waya uja. Sikunanjenjemere.

"Apo," anatero munthuyo. "Pamene panamangidwapo."

Khutu anadabwa kuti wadziwa bwanji. Anatenga pulayala n'kudula waya. Kamkono kothyoka kanalendewera. Anamasula nati yoyamba. Anamasula yachiwiri. Anasolola pulagi.

"Pakona paja pamada kwambiri," anatero munthu uja, ngati akucheza za nyengo. "Injini umaimva ikubwera. Umacheuka, sukuona kanthu. Umati ili kutali. Kuwala umakuona kutafika kale kumapazi."

Khutu anatembenuza mutu pang'onopang'ono.

Ali pansi pa galimoto, munthu amangoona mapazi. Phazi lakumanzere linali ndi jombo yakuda, yopolisha bwino. Lakumanja linali ndi sokosi yokha. Pachala chachikulu panali posoka ndi ulusi wofiira, posokedwa bwino, ndi dzanja la munthu amene ankamukonda.

Khutu anafuna kukuwa, koma akanakuwira ndani? Anafuna kuthawa, koma potulukira pake panali pamapazi omwewo.

"Malizani, bambo," anatero mawu aja. "Ndagwira."

Ndipo anamaliza. Anaika sensa yatsopano pamalo pake. Nati inagwa kawiri m'zala zake, ndipo kawiri konse kuwala kunaitsata mpaka pamene yagwera. Anamanga. Analumikiza kamkono, anakankha pulagi mpaka inalira kuti ke. Anayang'ananso chilichonse kawiri, ngati mmene akanachitira Loweruka lija.

Atatembenukanso, mapazi panalibe.

Anatuluka chokwawa. Tochi inali pansi, ikuyakabe. M'galaji munalibe munthu. Anapita pakachitseko kam'mbali. Loko anali wokhoma, ndipo kiyi anali m'thumba la ovololo yake.

Anakhala pa tayala kwa kanthawi, akupuma ngati wathamanga. Kunja kunali kukumvekabe moyo wa madzulo: wailesi ya pagolosale, mayi akuitana mwana, njinga yamoto ikudutsa. Nthawi inali isanakwane n'komwe seveni koloko. Anadziuza kuti ndi kutopa. Munthu wosagona masabata atatu amaona zambiri.

Anabwezeretsa tayala, anatsitsa jeke. Analiza injini, n'kuuza kompyuta kuti iphunzitse sensa msinkhu wa galimoto yopanda katundu. Anayatsa magetsi. Kuwala kunanyamuka pasimenti, kunakwera khoma, n'kukaima ndendende pamzere wa choko. Galaji yonse inayera.

Ntchito ya theka la ola. Basi.

Khutu anagwira kukamwa. Misozi inatsika yokha.

Ali chiimire pambali pa galimoto, anamva mpando wakumbuyo ukulira kuti kwee. Galimoto inatsika kumbuyo, mofatsa, ngati mmene imachitira munthu wamkulu akakhala. Manambala pakompyuta anasintha. Timamotala ta m'magetsi tinalira, kuwongola kuwala monga mmene sensa yabwino imalamulira.

Anatenga tepi n'kuyezanso. Kumanzere kunali kutatsika zala ziwiri.

Anasuzumira pawindo. Mpando unali wopanda munthu. Koma sensa iyi inali yatsopano. Sinkadziwa kunama.

"Tikupita kuti, achimwene?" anafunsa ndi mawu ang'onoang'ono.

Koma Khutu ankadziwa kale nyumba imene anayenera kupitako masabata atatu apitawo.

Anatsegula chitseko chachikulu. Analowa pachiwongolero, n'kupotoza galasi loonera kumbuyo kuti liyang'ane kudenga. Anayenda pang'onopang'ono. M'misewu munali anthu ochokera kuntchito, masitolo ena anali akadali otsegula, ndipo palibe amene anacheuka. Galimoto inkalemera kumanzere. Pabampu iliyonse ankaimva kumsana. Pakona ya kufakitale ya matabwa magetsi anaonetsa zonse: udzu, ngalande, mpanda, patali ndithu. Munthu akanaoneka bwinobwino, ndipo buleki ikanakwanira.

Anapeza mlamu wake atakhala pakhonde mumdima. Mphunzitsiyo anaimirira, anabwera mpaka pageti. Sanayang'ane Khutu. Anayang'ana kumbuyo kwa galimoto.

"Alamu," anatero motsitsa, "mwabwera naye?"

Khutu anatsika. "Mukumudziwa?"

"Madzulo alionse, ili pakhomo pano, inkatsika chonchi. Ndimati ndikupenga. Ndimaopa kuuza ngakhale mlongo wanga."

Khutu anagwada pafumbi, ovololo ili ndi girizi yake yomweyo. Ananena zonse. Za kamkono, za waya, za mpira, za khoma limene sanayeserepo magetsi. Sanachepetse kanthu.

"Si maso anu, alamu. Maso anu ndi abwino. Ndi manja angawa."

Mlamu anavula magalasi aja, anawayang'ana, n'kuwapinda.

"Munandigwira paphewa," anatero. "M'nyumba mwanga. Ana anga akuona."

"Ndinatero."

"Masabata atatu, alamu."

Khutu anaweramitsa mutu.

"Dzukanipo apo. Si ine amene muyenera kuyamba kundigwadira." Mawu a mphunzitsiyo anali ouma, ngati akuwerenga mayina m'kalasi. "Galimoto isiyeni pano. Pitani mukauze mlongo wanga ndi pakamwa panu, asamve kwa ine. Kukacha mubwere, tipite kwa mkazi wa malemu uja. Mukayendetsa ndinu."

Kunyumba, mkazi wake anamvetsera mpaka kumapeto. Sanakuwe, sanalire. Anangotenga pilo wake n'kukagona kuchipinda kwa ana.

M'mawa mwake Khutu ndi mlamu wake anakwera galimoto osapatsana moni. Inali ikadali yopendekera kumanzere. Mlamu ankalozera njira ndi chala, mpaka anafika pamzere wa nyumba za lendi kuseri kwa msika, pamene ankakhala malemu uja.

Mayi wamasiye anali panja akuyanika zovala. Anali wamng'ono thupi, wa zaka zapakati. Ataona galimoto yotuwa ikuima, anasiya malaya m'beseni. Anapukuta manja m'chovala chake. Amuna awiriwo anatsika, ataweramitsa mitu, aliyense akusaka mawu oyambira.

Mayiyo anawadutsa ngati sakuwaona. Anapita pachitseko chakumbuyo chakumanzere, anachitsegula, n'kuima pambali.

Masipuling'i analira. Galimoto inakwera yokha, n'kuima mowongoka.

Mayiyo anadikira pang'ono, kenako anatseka chitseko mosamenyetsa. Apo m'pamene anatembenuka.

"Lowani," anatero. "Amene ali ndi mawu ayambe."

Zimene zinakambidwa m'nyumbamo palibe akudziwa. Anatuluka dzuwa lili pamutu, Khutu maso ali psuu, ndipo kuchokera pamenepo anapita yekha kupolisi wapansi. Ena pamzere wa nyumbazo amati mayiyo anatsegula chitseko chija poganiza kuti amubweretsera chikhothi cha mwamuna wake, chimene sichinabwere kuchokera kuchipatala. Ena amati chisoni chimachititsa munthu zinthu zosadziwika bwino.

Koma mayi wa khomo loyandikana, amene anali akusesa pafupi kwambiri m'mawa umenewo, sagwirizana nawo. Ukamufunsa amayamba wayang'ana uku ndi uku, kenako amatsitsa mawu. Amati mnzakeyo atatsegula chitseko, anamwetulira pang'ono, n'kunong'ona kuti, "Mwachedwatu lero, bambo."