Mthunzi wa Alamu Pakhoma

"Pishani, pishani, waluso akudutsa!" Umu ndi mmene Mwatitha ankalowera mumsika, chifuwa patsogolo ngati tambala, mwendo kuuponya uko, nsapato gwa! gwa! ngati nthakayo anaumba ndi iye.

Munali mu 2074. Kumwamba kwa tauni kunkauluka timakina tokhala ndi diso limodzi, tomwe anthu ankatitcha mavu. Mavu akaona nkhope yako, dzina lako lafika kale kwa alonda a mzinda, iwe usanameze malovu. Koma Mwatitha, mmisiri wa zojambula, anatulukira utoto wa mizeremizere. Ukadzola kumaso, mavu ankakuona ngati thumba la makala. Msika wonse unasanduka mbidzi.

Utotowo ndi umene unabisa a Dzinkambani, mwamuna wa mlongo wake Nasuluma. Iwowa anagwetsa mavu atatu ndi legeni, ndipo alonda ankawasaka chaka chachiwiri.

Kenaka Mwatitha anakonza chionetsero chachikulu: khoma lowala. Ankavala malaya a mawaya n'kumatsanzira mayendedwe a anthu, ndipo pakhomapo pankatuluka mthunzi wautali ngati mlongoti, wopanda nkhope.

"Nkhope atilanda," anakuwa, "koma kuyendaku n'kwathu!"

Anayenda ngati mbusa, anthu kuseka. Anayenda ngati woledzera, amayi ena mpaka kugwa pa benchi. Ndiye poti munthu ndi mlamu wake sasiyana kunyozana, anapinda msana, phewa limodzi pansi, phazi lamanzere kulikoka: khwee, gu! khwee, gu!

"Eee! A Dzinkambani awo!" msika wonse unafuula. "Ndi iwowo, ngakhale mutawaphika!"

A Dzinkambani, ali kuseri kwa matumba, anaseka mpaka misozi. "Alamu, ndinu mfiti inu!"

Pamwamba pa khoma panali patatera mavu awiri, ali phee.

Mmawa mwake alonda anawatola a Dzinkambani pakati pa anthu mazanamazana odzola utoto. Sanawayang'ane n'kumaso komwe, anangoyang'ana mapazi. Sabata isanathe anatola enanso khumi ndi anayi. Mavu anali ataphunzira chinthu chatsopano. Anthu anayamba kuyenda mokwawa, ena chammbali ngati nkhanu, koma phazi silinama.

Patapita miyezi itatu, kunyumba kwa Nasuluma kunabwera nsapato zokha za a Dzinkambani.

Pa maliro opanda mtembowo aliyense ankanena zake. Ena ati alipo kazitape. Ena ati makinawo ali ndi mankhwala. Onse anali pachionetsero paja, onse anafuula dzina lija, koma panalibe wofuna kukumbukira.

Nasuluma anaimirira, nsapatozo zili m'manja. "Achimwene, inu mumawadziwa makinawa. Anawauza ndani kuti amuna anga amakoka phazi?"

Mwatitha anayang'ana kumwamba. Mavu analipo, akumvetsera.

"Palibe kazitape, mlongo wanga," anatero. "Ndinawaphunzitsa ndine. Ndinkangofuna kuti anthu aseke."